Nyimbo Yokokera Mzinga

Ndikakumbukira agogo Che Saidi, chimayamba kundifika ndi fungo la makala ndi la mtovu wosungunuka, kenako kulira kwa hamala pa lata, kuyambira pamene abwera kumzikiti m'mawa mpaka dzuwa kupendeka. Ankakhoma zidebe ndi mbaula pakhonde la nyumba yathu ku Mtsiliza, atakhalira tayala lakale, ndipo mawu awo ankachita kuwaumira ngati mchere wa kumapeto kwa mwezi. Lamulo lawo lidali limodzi: chingwe cha khonje chisapezeke pakhomo. Agogo aakazi, Abiti Mussa, ankayanika zovala pa waya, ndipo ankawaseka: "Agogo akowa njoka amagwira ndi manja, koma chingwe amachilambalala."

Chifukwa chake ndidachimva ndili Sitandade 5, nditawafunsa agogo aamunawo za nkhondo yoyamba ya dziko lonse imene aphunzitsi adatiuza. Adayankha osaleka kukhoma. Adati Ajeremani adali ndi sitima yankhondo yaliwiro, yosaka sitima za Angelezi panyanja yamchere, ndipo itapanikizidwa idakabisala mumtsinje ku Tanganyika, Angelezi nkuiphwanyira momwemo. Koma Ajeremani sadataye mizinga yake, mfuti zikuluzikulu zija. Adaizula, adaiika pa mawilo, ndipo zoikokera pamtunda zidali anthu. Bambo a agogo ndi mng'ono wawo Bwanali adali atapita kumeneko kukagwira ntchito m'minda ya khonje, ndipo onse awiri adagwidwa nkuikidwa pachingwe, anthu mzere wautali, wina akutsogolera nyimbo kuti akoke pamodzi. Nthawi ya dzinja Bwanali adagwa m'dambo, asilikali adam'masula, mzere nkupitirira.

"Sadasambitsidwe, sadavekedwe sanda, alibe manda," adatero agogo. "Sitimayo bambo sadaione n'komwe. Adangomva kulemera kwake paphewa."

Ndidawapempha kuti andiimbire nyimboyo. Adandiyang'ana, nkunena kuti si yoimbira ana.

Abiti Mussa adamwalira chaka chotsatira, m'mawa wina mvula itagwa usiku wonse. Kwathu maliro sagona, ndiye masana jeneza, chonyamulira mtembo, idakwera lole ulendo wa kumanda, amene adali kutsidya kwa kamtsinje. Kamlatho ka matabwa kadali katakokoloka, dalaivala adayesa podutsa ngolo, ndipo lole idatitimira pakati penipeni, madzi akukwera. Kutsitsa jeneza kudali kosatheka, chifukwa madziwo ankafika m'chiuno ndipo ankakoka miyendo. Amalume adakwera pachulu ndi foni yawo kuimbira mwini thirakitala, yemwe adati angabwere mawa. Ndidachita mantha kwambiri, poganiza kuti agogo anga aakazi agona mumtsinje.

Mwini ngolo wina adabweretsa chingwe chakhonje chonenepa ngati mkono wanga. Amuna adachimanga kutsogolo kwa lole nkuyamba kukoka, Asilamu ndi Akhristu omwe, koma aliyense payekha, wina akukoka wina akupuma, matayala akungomwaza matope.

"Madala, tidikire mawa basi," adatero dalaivala. "Apa zavuta."

Agogo adavula nsapato nkundipatsa, adapinda mkanjo wawo woyera, adalowa m'matope. Adaima pamaso pa chingwecho kanthawi, kenako adachinyamula nkuchiika paphewa.

"Bambo anga adasiya munthu m'matope," adatero, osakweza mawu. "Ine sindisiya. Ndikaitana muziyankha, ndipo poyankhapo ndiye pokoka."

Nyimboyo idali ya Chiyao chosakanikirana ndi Chiswahili, yolemera, yapang'onopang'ono, ndipo mawu amene adatuluka m'chifuwa cha nkhalamba ija sindidawadziwe. Amuna sankamva tanthauzo lake, koma adagwira poyankhira, misana yonse nkuwerama nthawi imodzi. Azimayi amene adatsalira kumtunda adasiya kulira nkumangoyang'ana. Lole idagwedezeka, idabwerera, idagwedezekanso, kenako idakwera mtunda madzi akuchucha. Abiti Mussa tidawaika dzuwa lisadalowe.

Pobwerera ndidaona kuti mkanjo wa agogo wang'ambika paphewa ndipo pali magazi. Ndidawapatsa nsapato, koma adayenda nazo m'manja.

"Uyu taika," adatero. Titayenda pang'ono adandigwira pamutu. "Uja wa m'dambo ndati dzina lake ndani?"

"Bwanali, agogo."

"Usaliiwale. Alibe pena pogona."

Sadaimbenso nyimboyo mpaka imfa yawo, ndipo mawu ake adapita nawo. Ndidatsala ndi kayimbidwe kokha, kamene kamandibwerera ndikanyamula cholemera. Nditakula ndidaona chithunzi cha sitimayo, yamachumuni atatu, itapendekeka m'madzi, ndipo pansi pake adalemba kukula kwa mizinga yake ndi dzina la kaputeni wake. Za okoka sadalembe. Mwana wanga woyamba ndidamutcha Bwanali, ndipo madzulo alionse amayi ake akamuitana kuti alowe m'nyumba adzasambe, ndimamva dzinalo likuyankha.