Whiteson Atabwerako ku Zambezi

Whiteson Lungu anakulira m'komboni ya Katondo ku Kabwe, mwana wa Mnsenga wa ku Petauke amene ankagwira ntchito pa njanji. Anali munthu wa nthabwala, woyimba kwaya ya Akatolika. Atakwatira Tryness n'kubereka mwana wamkazi, Norah, analowa usilikali.

Mu 1978 anamutumiza kumalire, m'chigwa cha Zambezi, nkhondo ya ku Rhodesia itasefukira kuno. Tsiku lina akuchokera kotunga madzi, mnzake Simeon, amene anali patsogolo, anaponda bomba lokwiriridwa m'njira. Whiteson anatola zimene anapeza za thupi la mnzakeyo n'kuzikulunga m'malaya ake.

Anabwerera ku Kabwe wopanda bala lililonse, ndipo abale anati Mulungu ndi wamkulu. Koma Whiteson sankayendanso pakati pa njira. Ankaponda pokhapokha pamene paponda wina. Masana ena ali pamsika wa Katondo, kumgodi anaphulitsa miyala. Iye anadziponya m'ngalande, akukuwa kuti onse agone pansi. Amayi ogulitsa tomato anaseka mpaka misozi, ndipo kuyambira pamenepo anthu ankangomuti Bomba.

Tryness anamutengera kwa ansembe, iwo anati apemphere kolimba. Kuchipatala anamupatsa mapiritsi ogonetsa. Palibe anafunsa za Simeon.

Lamulungu lina Whiteson atakhala pakhonde, Norah anamuzembera kumbuyo n'kumutseka m'maso ndi timanja take, monga ankasewerera kale. Whiteson anazindikira atamuponya kale mwanayo pansi pafupi ndi mpopi, mkono utapindika posayenera.

"Atate ake Norah, mwatani?" Tryness anakuwa.

"Sindinamuone. Ndithu sindinamuone."

"Ndikudziwa. N'chifukwa chake sindingakhale naye pano."

Tryness sanatukwane. Anamanga zovala m'chitenje n'kupita ndi mwana kwa mlongo wake ku Ngungu, komboni ina ya ku Kabwe komweko.

Chaka chomwecho tcheyamani wa chipani wa m'komboni anabwera kudzamuuza kuti pa chikondwerero cha ufulu adzagube patsogolo, anthu aone ngwazi yawo.

"Ba Lungu, mukavale bwino, mudzatinyaditse," anatero.

"Ndili m'ngalande muja munali pomwepo, a tcheyamani. Munaseka nawo. Lero mwasowa wokugubirani?"

Tcheyamani anachoka atakwiya, ndipo ntchito ya ulonda imene ankati amupezera inapita kwa wina. Whiteson anayamba kugulitsa makala pambali pa msewu wa ku Kamushanga. Ankakhala msana atatsamira khoma, kuti munthu asamudzere kumbuyo.

Mkono wa Norah unapola mokhota. Atakula ankadutsa pamakalapo popita kusukulu. Sanasiye ulemu. Ankagwada n'kupereka moni, koma patali, pamene dzanja la atate ake silikanafika.

"Mwauka bwanji, atate?"

"Bwino, amama. Fulumira, ungachedwe."

Ankamuyang'ana mpaka atakhota pa ngodya, kenako n'kupitiriza kudzaza makala m'zitini.