Mpanda wa Njuchi wa Adadi

Fungo la guluu ndi makatoni onyowa limandibwezera ku Coolock, ku Ireland, m'kafulati kathu ka pamwamba pa shopu ya tchipisi, nyengo yozizira ija ndili ndi zaka naini. Kunkazizira moti sokosi tikaziyanika panja zinkatsika zokha pachingwe n'kudzagogoda pakhomo. Ndikulumbira, ine ndimene ndinkazitsegulira.

Teremu imeneyo aphunzitsi athu, Miss Doyle, anatipatsa pulojekiti ya zimbalangondo. Anzanga ambiri anapatsidwa chimbalangondo chofiirira, chachikulu chija chokhala m'nkhalango zozizira za ku Russia, Canada ndi Alaska, ndi m'mapiri ena a ku Ulaya, chomwe chimagona m'phanga nyengo yonse yachisanu osadya. Miss anati kalekale chinkapezeka ngakhale mu Ireland, ndipo mafupa ake anawapeza m'mapanga. Nditawauza adadi, anasuzumira mvula pawindo n'kunena kuti, "Chinachita bwino kusamuka."

Ine anandipatsa cha kumaiko otentha, kachimbalangondo kakang'ono ka ku Borneo kokhala ndi chibanga chachikasu pachifuwa. Funso linali lakuti: nkhalango zikudulidwa, kanyamako kakulowa m'minda, alimi akukapha, ndiye tikateteze bwanji?

Adadi ankagwira ntchito panyumba yosamalira okalamba ku Beaumont, ndipo ankabwera akununkhira sopo wa kuchipatala, dzanja lili pamsana. Chimbalangondo anali asanachionepo, poti ku Malawi kulibe. Koma anakulira m'malire a nkhalango ku Kasungu, komwe njovu zimamaliza munda wa chaka chonse munthu asanapeze nsapato. Atamva funsolo anakankhira tiyi pambali. "Nyama yolowa m'munda? Tamanda, imeneyo ndi nkhani yanga." Anandifotokozera kuti kwawo ena amapachika ming'oma ya njuchi pawaya kuzungulira munda. Njovu ikakhudza waya, ming'oma imagwedezeka, njuchi n'kutuluka, chinyama chonse chija n'kuliyatsa liwiro ngati mwana wakuba shuga.

Tinamanga kachitsanzo ka mpanda wa njuchiwo kwa masabata atatu pathebulo lodyera, ife n'kumadyera pamiyendo. Munda unali katoni ya TV. Chimanga chinali machesi ovekedwa pepala lobiriwira, nkhalango inali siponji ya amayi yotsukira mbale, ming'oma inali zivindikiro za mabotolo zolendewera pa ulusi. Njuchi zinali mpunga, ndipo adadi anapenta kambewu kalikonse mizere itatu, atavala magalasi, lilime lili panja. Njuchi imodzi inafanana ndi amalume anga a ku Balbriggan, mpaka amayi anaipatsa moni. Buku la ku laibulale linali pomwepo, koma nthawi zonse ndikalitsegula adadi ankati, "Kuwerenga pambuyo, gwira ulusi apa." Kusukulu ndinali nditauza kale kalasi yonse kuti bambo anga ndi katswiri wa nyama zakutchire, ndipo njovu zimawadziwa dzina.

Tsiku loonetsa ntchito zathu makolo anaitanidwa muholo. Adadi anasinthana shifiti ndi mnzawo, navala suti ya kutchalitchi, nakhala kutsogolo penipeni. Ndinafotokoza bwino, ndinagwedeza ulusi, njuchi ziwiri zinagwa pansi monga tinapangana. Kenako Cian, mnyamata wa tsitsi lofiira yemwe ankadziwa zonse, anakweza dzanja.

"Miss, zimbalangondo zimadya uchi. Chimenecho ndiye chili ndi lilime lalitali lopisira m'ming'oma."

Anatsegula buku lomwe lija, tsamba lomwe ife sitinafikepo. Lilimelo linali lalitali moti linapitirira mpaka tsamba lotsatira. Holo yonse inaseka, ndipo ine ndinamva kutentha koyamba chiyambire nyengo yozizira. Tinali titachimangira chimbalangondo lesitilanti kuzungulira munda. Sindinkaopa kulephera. Ndinkaopa kutembenuka n'kuwaona adadi atachepa mu suti yawo.

Iwo anaimirira, namanga batani la jekete, nayenda pang'onopang'ono ngati akukapereka chopereka. Anayang'ana chithunzicho nthawi yaitali.

"Mnyamata, wanena zoona. Mpandawu talakwitsa, ndipo wolakwitsa ndine, osati mwanayu." Anatero m'Chingerezi chawo chodekha chomwe ankalankhulira ndi okalamba. "Koma ndikufunse. Chikakhuta uchi, chimanga chichifunanso?"

Cian anati mwina ayi.

"Nanga mlimi akadzuka n'kupeza chimanga chake chili chilili, mkondo autenga?"

Cian anapukusa mutu. Adadi anamasula ulusi ndi zala zawo zikuluzikulu, nanyamula ming'oma yonse, nakaipachika kuseri kwa siponji, kutali ndi munda. "Ndiye chakudya chake chikhale kwawo. Nyama siifera m'nkhalango, imafera m'mphepete mwa munda wa munthu wanjala." Miss Doyle analemba mawuwo pabolodi, ndipo anthu anaomba m'manja mpaka njuchi zina zinagwa zokha. Mphoto anatenga Cian, ndi phanga lake la chimbalangondo lopangidwa ndi thonje. Ife tinanyamula katoni yathu pabasi, adadi atakhala mowongoka ngati nduna.

Titayandikira kunyumba anati, "Buku lija ukanaliwerenga."

"Munkandiletsa ndinu, adadi."

"Amayi ako asamve zimenezo."

Tsiku limenelo ndinkanyada chifukwa ndinkaganiza kuti adadi agonjetsa Cian. Lero ndikudziwa kuti nzeru ya ming'oma ija akatswiri akanaibweza, pakuti chimbalangondo chikhoza kudya uchi n'kudzatsukira m'kamwa ndi chimanga. Koma muholo monse muja, munthu yemwe anaimapo m'munda wopondedwa ndi nyama anali mmodzi yekha, ndipo ndi yemweyo anavomera kulakwa pamaso pa mwana wa zaka naini kuti ine ndisachite manyazi ndekha. Njuchi yofanana ndi amalume ija ndikadali nayo m'kabotolo. Ikukalamba limodzi ndi amalumewo.