Chitini cha abambo patsinde pa mango

Ndiyambe ndi kuulula, poti chinthuchi chandikhala pakhosi sabata yonse: ndawanamiza abambo anga. Mwamuna wanga sakudziwa. Inu owerenga ndinu oyamba kumva.

Kale abambo ankanyamula matumba a makalata ku positi ofesi ya pa boma pano pa Milange, imene iwo mpaka lero amati koreyu. Kumeneko ndiko anatengera nthenda yotolera masitampa, kapena kuti maselu m'kamwa mwawo. Ankapempha maenvulopu otha ntchito, n'kunyika ngodya yake m'mbale ya madzi mpaka sitampa iyandame yokha, kenako n'kuiyanika pa lichero. Ife ana tikangoyandikira amvekere, "Manja amafutawo kutali!"

Nkhondo itafika kwathu ku Mongue, anaika masitampa onse m'chitini cha mabisiketi, n'kumata chivundikiro ndi phula, n'kuchikwirira patsinde pa mtengo wa mango kuseri kwa nyumba. Kunyamula sakanayerekeza. Ukakumana ndi amfuti panjira, kapepala ka mbendera yosawakomera kanali kokwanira kukuphetsa. Tinaoloka mtsinje wa Ruo kulowa ku Malawi ndi zovala za m'thupi zokha.

Tsopano tabwerako ku kampu ya othawa kwawo, tikukhala pa boma. Bwinja lathu lili kuseri kwa zikwangwani zofiira zojambulidwa chigaza. Ochotsa mabomba sanafikeko.

Lolemba, pochokera kusukulu komwe ndimaphunzitsa, ndinawapeza abambo akunola khasu. Pambali pawo panali mwana wanga Lusiya, amene sanayambe n'komwe sukulu, atavala kale nsapato zake za kutchalitchi.

"Tikupita ndi mkazi wangayu kukafukula dziko lake," anatero. Ndi mmene amamutchulira mdzukulu wawo akamacheza.

"Ababa, kuli mabomba."

"Njira ija ndinayamba kuiponda iwe usanabadwe. Ndikaiphonye lero? Galu wamkota sakandira pachabe."

Ndinayang'ana timiyendo ta Lusiya. Pakamwa panangotseguka pokha. "Musavutike, ababa. Ochotsa mabomba anachifukula kale chitinicho. Chinachita dzimbiri, m'kati munali dothi la chiswe lokhalokha."

Anasiya kunola.

Musaganize kuti sindiwamvetsa. Ku kampu, njala ikatipana, ankatifotokozera za m'chitinimo ngati akuziona. Pansi penipeni pali masitampa a nthawi ya Apwitikizi: zombo, nsomba, agulugufe, azungu a ndevu. "Dziko lathu, koma ife mulibemo," ankatero. Pamwamba pake pali a ufulu: mbendera, khasu, buku, amayi obereka ana akuphunzira kulemba. "Apa m'pamene tinalowa m'chithunzi." Kenako basi. Makalata analeka kuyenda kwathu kuno.

Zaka zothawa zilibe sitampa. Ndi boma liti lingadinde chithunzi cha mayi akuoloka mtsinje, madzi m'khosi, mwana ali pamutu? Pa sitampa dziko limasamba, n'kudzola, n'kupita kwa alendo. Zipsera limasiya kunyumba. Komabe timapepalato ndito umboni wokhawo umene abambo ali nawo woti tinali ndi kwathu tisanakhale othawa kwawo.

Ndipo si abambo okha. Ndani wa ife sanakwirire kanthu pothawa? Wina makina osokera, wina njinga, wina mapoto a ukwati wake. Tinkabisira amfuti, lero nthaka yatibisira eni ake. Mukapita pa msika, afunseni oyendera ndodo aja kuti ankapita kuti tsiku limenelo. Ena sanagwirepo mfuti chibadwire. Ankangopita kwawo kukatenga zawo.

Ine sindikufuna Lusiya akhale mmodzi wa iwo. Kodi pamenepa pali chofunika kukambirana?

Koma satifiketi yanga ya uphunzitsi sinandiphunzitse kunama. Lachiwiri m'mawa abambo anatuluka atavala chipewa.

"Mayi a Lusiya, ndaganiza. Ngati anyamata aja anafika pa mango, ndiye kuti njira yayera. Tiye tikangoona bwinja."

Bodza limene ndinatsekera njira ndilo linaitsegula.

"Ayi, ababa, sanamalize. Anabwerera."

Anandiyang'ana, maso awo ofooka osaphethira.

"Akatswiri akowo ndi odabwitsa," anatero. "Kufukula chitini n'kusiya bomba."

Sanandikalipire. Bola akanatero. Anavula chipewa, n'kutenga khasu lija, n'kukaliyedzamiritsa pakhomo la chipinda changa. Lili pompo mpaka pano, ndimalilambalala potuluka. Kuyambira tsikulo amangoyankha moni.

Dzulo ndinawaona pakhonde ali ndi Lusiya. Anatulutsa bokosi la machesi momwe muli masitampa ochepa amene anatolera ku kampu, a ku Malawi, a mbalame. Anawayala pa mkeka limodzilimodzi.

"Dziko lako ndi ili, mkazi wanga. Linalo chinadya chiswe. Ukawafunse amayi ako."

Lusiya anabadwira ku kampu. Anathamangira kukhitchini, kasitampa kali m'manja. "Amayi, ndiye kuti ife ndife a ku Malawi?"

Ndinamuuza kuti akasambe m'manja.

Abambo akutsokomola kwambiri masiku ano. Ochotsa mabomba adzafika ku Mongue, koma liti, palibe akudziwa. Kuseri kwa nyumba ija kunali mitengo ingapo ya mango, ndipo amene akudziwa mtengo wake ndi iwo okha. Akanandilozera, koma tsopano ndiwafunsa bwanji za chitini chimene ndinati chinadyedwa? Ngakhale chitadzapezeka, ndani adzamuuze Lusiya kuti zombo zija zinali za yani, ndi kuti amayi obereka ana aja ndife?

Miyendo ya mwana wanga ilipo yonse iwiri. Ya agogo ake nayonso. Ndimaiyang'ana, mtima n'kukhala pansi pang'ono, kenako ndimaona khasu lija pakhomo.

Inu amene munakwirira zanu n'kubwerako, ndiuzeni mosandinyengerera: ndinachita bwino?