Malata a Ngongole ndi Nkhuku Zanga

Malata anga, malata anga, ong'anima dzuwa likamatuluka ku mapiri! Nyumba ndikukhalamo inoyi, ya njerwa zootcha, ya khonde kumaso ndi kuseri, inali imodzi mwa zoyamba kufoleredwa ndi malata mbali yathu ino, kumene lero mukuti ku Kapata. Tauniyi azungu ankaitcha Fort Jameson, ife tinkangoti ku Boma. Odutsa m'njira ankaloza nkumati, “Mayi uja anakwatiwa bwino.” Eya, ndinakwatiwa bwino, ndinavina, ndinaimba. Imvani tsono mtengo wake.

Amuna anga anali mmisiri womanga, Mngoni wa ku Mtenguleni, wamtali, wa mawu ochepa. Umisiri anauphunzira ku mishoni. Anamanga nyumba za azungu a fodya, anamanga masitolo, koma iwo eni ankagona m'kanyumba ka udzu kodontha, ine ndikukoka mphasa uku ndi uku kuthawa madontho. Tsiku lina ndikusinja ndinawaimbira:

Mmisiri wanga, womangira anzake,
kwake agona ndi achule, ee, ndi achule.

Anaseka, koma inawalasa. Ndikadadziwa ndikadaimba ina.

Njerwa tinaumba tokha, iwo pa chikombole, ine pa mtsuko, mwana wathu woyamba ali kumbuyo. Uvuni tinaotcha tokha, makoma tinakweza tokha. Koma malata saumbidwa, misomali simera m'munda. Malata, misomali, matabwa, zitseko, mawindo agalasi, simenti, zonsezi zinali m'sitolo ina yaikulu ku Boma. Mwini sitoloyo ankawadziwa amuna anga, pakuti anam'mangirapo nyumba yosungiramo katundu. Anati tengani, muzibweza pang'onopang'ono. Katundu yense mapaundi khumi ndi asanu ndi atatu, pa mwezi masheleni khumi, theka la paundi. Nyumba ikhala chikole, mukalephera ndi yanga.

M'sitolomo munali kalaliki, munthu wa kwathu konkuno, wa tayi, pensulo kukhutu. Ndiye anatimasulira pepala la ngongoleyo, lolembedwa m'Chingerezi. Anati palinso chiwongola dzanja, susupensi, theka la sheleni, pa paundi iliyonse, mwezi ndi mwezi. Ananena ndithu, sindimunamizira. Koma susupensi nchiyani? Kandalama kogulira sopo! Sitinakhale pansi kuti tiwerengere. Maso athu anali panja, pa ngolo imene ankakwezapo malata athu. Amuna anga analemba dzina lawo, tinatuluka tikupondaponda ngati ana.

Zilembo sindinkazidziwa nthawi imeneyo, ngakhale lero zimandipunthwitsa, koma kuwerenga zinthu ndinkatha. Ndinatenga chipanda chakale. Mwezi uliwonse tikalipira, ndinkaponyamo mwala umodzi, go! Amuna anga anandiuza kuti miyala ikakwana makumi atatu ndi isanu ndi umodzi, mapaundi onse aja abwerera kwa mwini wake.

Koma ntchito yomanga ndi ya chilimwe. Mvula ikagwa zomanga zonse zimaima, mmisiri amagwira khasu ngati wina aliyense. Miyezi inayi ya dzinja ndalama zii, msonkho nawo uli chilili pakhomo.

Sindinade nkhawa, chifukwa mwambo ndinkaudziwa. Kwathu wangongole sabisala. Tsiku lolipira likakupeza m'manja muli gwa, umagwira nkhuku, umapita kwa mwini chuma, umagwada nkunena kuti ndadza kudzagwira mwendo. Akailandira nkhukuyo ndiye kuti wavomera. Ngongole yagona, idzadzuka pokolola monga inagonera, yosakula, yosachepa. Amayi anga anatero pa ngongole ya mbuzi, agogo anga anatero pa ngongole ya makasu. Munthu sangadye nkhuku yako nkumakuwerengeranso masiku.

Ndiye mvula yoyamba ija ndinagwira thadzi lakuda lonenepa, ndinalimanga miyendo ndi luzi, ulendo ku sitolo. Mwini wake ndinamupeza pakhonde. Ndinagwada.

“Bwana, mwezi uno tilibe. Ndadza kudzagwira mwendo.”

Analinyamula thadzi lija, kuliyesa kulemera, nkumwetulira. “Zikomo, mama, zikomo kwambiri. Moni kwa mmisiri.”

Anaitana wophika wake, thadzi linalowa kuseri. Kalaliki anali pomwepo pakhomo, akuona zonse. Ine ndinabwerera ndikuvina m'matope, ngongole yagona, ee, ngongole yagona!

Ndinatero madzinja anayi. Mwezi wa mvula uliwonse nkhuku imodzi, zonse pamodzi khumi ndi zisanu ndi imodzi. Ndinkasankha zabwino zokhazokha. Ana anga ankangomva fungo la nkhuku kwa eni. Dzira silinkadyedwa pakhomo panga, dzira linali nkhuku ya mawa ya kusitolo. Chaka china apongozi anga, amayi awo a amuna anga, anayenda pansi kuchokera ku Mtenguleni kudzaona nyumba ya mwana wawo. Mlendo wotere amapheredwa nkhuku, aliyense akudziwa. Ine ndinawaphikira nkhwani wotendera. Anadya, anasamba m'manja, anayang'ana kudenga, anayang'ana panja.

“Apongozi, tambala akulira pabwaloyo ngwa Bwanamkubwa?”

“Ngwa ngongole, amayi.”

“Oho. Ndiye malatawa akudya bwino kuposa ine.”

Ndinameza manyazi aja. Ndinati mumtima, adzadya mbuzi yathunthu chipanda chikadzadza.

Chinadzadza chaka chimene nkhondo ya azungu inayamba, malole akutenga anyamata kupita nawo ku usilikali. Mwala womaliza unali m'manja mwanga. Ndinaphika thobwa mbiya ziwiri, ndinaitana amayi a mumpingo kuti atidikire pakhonde. Ndinavala nsalu yatsopano, amuna anga jekete, chipanda ndinasenza pamutu. Tinapita kukatenga pepala lathu.

Kalaliki analandira masheleni khumi aja, anatsegula buku, analemba, anapukuta inki.

“Mwachita bwino, amisiri. Zatsala mapaundi makumi awiri ndi asanu ndi atatu.”

Amuna anga anaseka pang'ono. “Achimwene, mwatsegula tsamba la munthu wina.”

“Tsamba ndi lanu ili.”

“Tinakongola khumi ndi asanu ndi atatu. Tabweza khumi ndi asanu ndi atatu. Zotsalazo zachokera kuti, zoposa zimene tinatenga?”

Ine ndinatula chipanda, ndinakhuthula miyala yonse pa thebulo la sitolo, ina kugubuduzika mpaka pansi. “Werengani, bambo. Mwala sunama.”

Sanakwiye. Anatola miyala khumi naindandalika pamzere.

“Mayi, tiyese kuti awa ndi masheleni khumi amene munabweretsa mwezi woyamba.” Anakankhira kumbali isanu ndi inayi. “Iyi ndi ya chiwongola dzanja. Susupensi pa paundi iliyonse, mapaundi khumi ndi asanu ndi atatu, zimakwana chonchi.” Analoza umodzi wotsala uja. “Uwu ndiwo unagwera pa malata.”

“Umodzi?”

“Umodzi.”

“Nanga miyezi ya dzinja?”

“Mwezi umene simunalipire, chiwongola dzanja chake chinakwera pamwamba pa ngongole, nachonso nkuyamba kufuna susupensi yake. Lero masheleni anu khumi sakukwanira ngakhale chiwongola dzanja chokha. Chafika pa khumi ndi anayi.”

“Koma ndinabweretsa nkhuku!”

“Munabweretsa.”

“Bwana analandira ndi manja awiri!”

“Analandira. Zina tinadya nawo, zinali zonona ndithu. Koma mayi, m'buku muno mulibe khola.”

Anthu amene ankagula mchere ndi palafini anaseka, wina mpaka kugwira chitseko. Ndinamuyandikira kalaliki uja.

“Inu, bwanayo ndi mlendo, mwina sadziwa. Koma inu munayamwa konkuno. Mukudziwa chimene nkhuku yomangidwa miyendo imanena. Madzinja anayi mukundiona ndikugwada, osandikokera pambali?”

Anayang'ana pensulo yake. “Mayi, ine amandilipira kuti ndizilemba. Ndikadayamba kulangiza, mukadapeza wina pampando pano, bukuli lili chomwechi.”

Mwini sitolo anatuluka m'kati atamva phokoso. Sanakalipe, munthu uja sankakalipa. Anati pepala likunena momveka, tikafuna tipite nalo ku ofesi ya boma akatiwerengere. Anati nkhuku ankayesa mphatso ya anthu aulemu. Anati ngati tatopa, atenga nyumba, nkhani ithere pomwepo.

Tinabwerera kunyumba. Amayi a mumpingo atationa tikutulukira pa mtengo wa mango anayamba nthungululu, kuwomba m'manja, kuyala nsalu m'njira. Ndinawasiya apitirize. Anamwa thobwa, anaimba, anapempherera nyumba yopanda ngongole. Ndinaimba nawo, mawu anga pamwamba pa onse, chifukwa ndikadasiya kuimba ndikadalira ngati pamaliro.

Patapita masiku atatu amuna anga anandiitana kuseri, akusula mpeni wawo womangira.

“Amake mwana, ku Halale amamanga ndi dzinja lomwe. Malipiro ake ngabwino. Ndizitumiza paundi yathunthu pa mwezi.”

Ine ndinali ndi pakati pa miyezi isanu, mwana wachitatu. “Atate ake, tisasule malatawa, tim'bwezere. Udzu ulipo m'dambo. Ndikamweta ndine.”

“Sakufuna malata akale, akufuna nyumba yonse. Ndipite ku Mtenguleni akandiloze kuti mmisiri uja analandidwa nyumba yomanga yekha?”

“Akulozeni muli pompano.”

“Zaka ziwiri basi, amake mwana. Mwanayo asanasiye kuyamwa ndabwera.”

Anakwera lole ya anthu opita kumwera, bokosi la zitsulo pamiyendo. Sanatembenuke, Angoni satembenuka. Ine ndinaima mpaka fumbi linagona.

Ndalama ankatumiza pa positi, kusitolo komweko, ndipo makalata anga ankafikiranso komweko. Wondiwerengera anali kalaliki yemwe uja, ndikadapita kwa yani? Chaka choyamba kalata mwezi ndi mwezi. Ana ali bwanji, lata la pangodya yakum'mawa mulikhomerenso msomali mphepo isanayambe, kuno kukuzizira. Mwana anabadwa wamkazi, dzina anatumiza m'kalata. Chaka chachiwiri kalata imodzi pa miyezi itatu. Chaka chachitatu ndalama zokha. Ndalamazo sizinaphonye ngakhale kamodzi, chilimwe kapena dzinja, zimenezo ndiwachitire umboni. Zinkabwera ngati mwezi kumwamba, zozizira, zosalankhula.

Nanenso ndinachenjera, kuchenjera kwa mochedwa. Paundi ikafika ndinkaima pa thebulo paja. “Nenani, bambo, angati a chiwongola dzanja, angati a malata?” Poyamba khumi ndi anayi uko, asanu ndi limodzi kuno. Kenako khumi ndi awiri. Kenako pakati ndi pakati. Tsiku limene a malata anaposa a chiwongola dzanja ndinaimba njira yonse mpaka kunyumba, mwana wanga wamng'ono akundigwira nsalu, akufunsa ngati atate ake ndi bambo wa tayi uja, poti ndiye mwamuna yekha amene tinkapitako mwezi uliwonse.

Zaka ziwiri zija zinasanduka zinayi ndi mwezi. M'mawa wina wa chilimwe kalaliki anandiona ndikulowa, anaimirira, chinthu chimene sanachitepo.

“Mayi, yatha.”

Mwini sitolo anatulutsa pepala lija, analidinda, analipereka m'manja mwanga. Anati ndife anthu okhulupirika. Nthungululu inatuluka yokha pakamwa panga, ogula onse kudzidzimuka. Yatha, ee, yatha, nyumba ya ana anga yatha! Nditapuma ndinati, “Bambo, wonkhetsani zonse, kuyambira sheleni yoyamba.” Anawonkhetsa. Mapaundi makumi asanu ndi limodzi kudza asanu ndi awiri. Katundu wa nyumba zitatu, nkutsalako ndalama, ife tatenga wa imodzi.

“Palinso kalata,” anatero.

Anaitsegula, anayamba kuiwerenga chamumtima, anatsokomola. “Mwina tipite kuseri, mayi.”

“Ngongole yanga munaiwerenga pamaso pa anthu. Werengani pompano.”

Anawerenga. Amake ana, ngongole ndatsiriza monga ndinalonjeza. Nyumba ndi yanu ndi ana, abale anga ndawalembera kuti asakuvuteni. Zaka zachuluka, munthu sangakhale yekha kudziko la eni. Ndili ndi banja kuno, ana awiri. Musandidikire.

Ngakhale uja ankayeza mchere anaimitsa dzanja. Pepala lodindidwa linali kudzanja langa lamanja, likadanyowa inki. Munthu amene anaumba njerwa iliyonse ya nyumba ino anagonamo zaka zinayi ndi theka, ndipo sanaipondenso. Mwana wathu womaliza wakalamba osamuona nkhope. Kumene anaikidwa sindikudziwa mpaka lero.

Sindinalire pamenepo. Ndinapinda pepala langa, ndinalimanga pa mfundo ya nsalu.

“Tengani cholembera, bambo. Ndiyankha.”

Anatenga.

“Lembani kuti kalata yafika, pepala ndalandira. Lembani kuti ana ali bwino. Lembani kuti chipinda chimene munkasungamo zitsulo zanu ndikuikamo mphunzitsi wa lendi, masheleni atatu pa mwezi, chilimwe ndi dzinja lomwe.”

“China, mayi?”

“Palibe. Sitampa ndi zingati?”

Ananena mtengo wake. “Musavutike, mayi, mudzapereka tsiku lina.”

Ndinamasula mfundo ina ya nsalu, ndinawerenga makobiri pa thebulo, limodzi limodzi.

“Landirani lero lomwe, bambo. Ndipo muimate ndikuona.”