Marosita oberekana

Pa loji ina ku Kande, ine ndi amene ndinkalemba rosita, yoonetsa amene agwire ntchito tsiku liti ndi amene apume. Ntchito yopalamula chidani imeneyo. A mpingo wa Sabata ankafuna Loweruka, ena Lamulungu, wina tsiku la sikelo ya mwana, winanso tsiku lokavuula chinangwa chimene anaviika. Ukakondweretsa uyu, uyo watupa.

Ine kwathu ndi ku Dedza, ndiye nkhani inamveka yoti ndimakondera anzanga obwera. Amene ankaikoleza kwambiri anali mayi wina wochapa zovala, Mtonga wa pomwepo, wapakamwa ngati lumo. Zinkandiwawa zedi, mpaka ndinayamba kuganiza zosiya ntchito n'kubwerera kumudzi.

Pa holide kunabwera mng'ono wanga amene amaphunzira za makompyuta. Atandiona ndikufufuta n'kulembanso, anaseka.

"Achemwali, mukuvutikiranji? Asiyeni marositawo aziberekana okha."

Ndinamuyang'ana ngati wapenga. Iye anafotokoza kuti pulogalamu yake imayamba yalemba marosita ambirimbiri mwachisawawa. Kenako imasankha amene ali ndi madandaulo ochepa, n'kudula theka la uyu kulumikiza ndi theka la uyo, pabadwe ana. Mwa apo ndi apo imasinthanitsa masiku popanda chifukwa, kuti mwina patuluke chatsopano. Oipa amatayidwa, abwino amaberekananso, mibadwo n'kumapita.

"Koma siidziwa dandaulo lolemera kuposa linzake," anatero. "Zimenezo muiuze ndinu."

Ndinakana kuti ndisenze ndekha mtolo umenewo. Tinaitana antchito onse kuseri kwa khitchini, laputopu ili pa tebulo losendera mbatata. Kunali phokoso! Kodi sikelo ndi kwaya, chachikulu n'chiti? Ophika wathu, bambo achikulire, anafunsa ngati makinawo amadziwa tsiku la maliro, anthu n'kufa nako kuseka. Tinakangana mpaka kugwirizana, ndipo aliyense wa iwo anatchula tsiku lake pamaso pa anzake.

Mng'ono wanga anadina batani. Tinaona nambala ya madandaulo ikutsika, kuima, n'kutsikanso. Rosita imene inatuluka sinali yangwiro ayi, koma inaposa zanga zonse, ngakhale sindinafune kuvomera msanga.

Mayi wochapa uja anaiyang'ana nthawi yaitali, chala chikuyenda pa mzere wanga.

"Nanga imwe, amama? Ma Sande onse muli pa ntchito. Makinawa akudana namwe?"

Mng'ono wanga anayankha kuti ine sindinapemphe kanthu, ndiye pulogalamu inaunjika pa ine zimene ena anakana. Umu ndi mmenenso ndinkachitira polemba pamanja, poopa pakamwa pa anthu.

"Yayi, ichi n'chiheni," anatero mayiyo, kutanthauza kuti n'choipa. "Tchulani lanu."

Ndinanena kuti mwana wanga wamkazi amatsogolera nyimbo mu kwaya ya ana kutchalitchi, koma ine ndimangomva kwa anthu kuti ali ndi mawu abwino.

Mayi uja anatembenukira kwa mng'ono wanga.

"Alembeni. Aberekanenso marositawo."

Nambala ya madandaulo inakwera pang'ono, ndipo ntchito ya Lamulungu limodzi inagwera mayi wochapayo. Anangoti, "Palibe kanthu."

Lamulungu limenelo ndinakhala pa benchi ya kutsogolo. Mwana wanga atandiona anaphonya poyambira nyimbo, n'kuyambiranso mokweza.