Mpando umene sitinauphwanye

A Enoch Hebblewhite anali kalipentala wa m'tauni mwathu mwa Marlby, ndipo wonena kuti kunali wowaposa abwere andiuze pamaso. Ine Jabez, amene ndinaphunzira kuwerenga pa zikwangwani za mashopu n'kumalalatira anthu pamsika nditakwera pamgolo, ndinawadziwa kuyambira unyamata.

Ufulu wovota analibe, poti masiku amenewo ankavota a nyumba zazikulu okha, ndipo yawo inali yaing'ono. Koma pachisankho chilichonse ndiwo ankakhoma mpando wonyamulirapo phungu wathu, bwana Penrick a chipani cha buluu. Mwambo wake ndi womwe uja: wopambana timazungulira naye tauni pamapewa, akangotsika khamu limauphwanya mpandowo, aliyense n'kuthawa ndi kachidutswa kake.

Akazi awo, a Keziah, ndiwo ankasokerapo nsalu ndi maliboni. Akamaliza ankangosisita katsamiro kaja, maso ali kutali.

"Bambo, munthu akakhala pamwamba paja amaona chiyani?"

"Madazi a anthu, mayi. La Jabez ndiye limachita kuwala."

"Ndikhalepo pang'ono chabe."

"Phungu asanakhalepo? Mukufuna tigonje? Dikirani chisankho chinacho."

Chinacho chinkabwera, mpando n'kuphwanyidwa. Bwana Penrick anakalambira ku London. Akuti m'nyumba ya malamulo ankawodzera kuposa kulankhula, koma anali wathu, ndipo wowaseka ankalawa chibakera changa. A Keziah nawo miyendo inayamba kukana, chifuwa cha fumbi la m'fakitale ya thonje chikuwadya. Tonse tinkaona kuti atsala ndi chisankho chimodzi chokha.

Pachisankho chimenecho a chipani cha chikasu anatigonjetsa. Ndinatukwana mpaka mawu kusasa. Ife onyamula tinabwerera kwa a Enoch n'kupeza mpando uli chiimire pabwalo, watsopano, ukununkhira utoto, wopanda mwini. Wina anati tiuotche.

"Ungoukhudza, ndikuthyola zala," ndinatero.

A Enoch anauyang'ana nthawi yaitali. Kenako analowa m'nyumba, natuluka atanyamula akazi awo m'manja.

"Tagonja kale, mayi. Palibenso choopa."

Tinawakhazika a Keziah pampando paja n'kuwakweza pamapewa. Kumsika, kumene achikasu ankamwera mowa, sitinadzereko. Tinatsata msewu wa kumlatho pang'onopang'ono, kamvula kakuwaza, maliboni akuyandama mumphepo ngati tikuyenda pansi pa madzi. Anali opepuka moti nthawi zina ndinkayang'ana m'mwamba kuti ndione ngati akadalipo.

"Mukuona chiyani, mayi?" anafunsa a Enoch, akuyenda pambali.

"Madazi, simunaname. Koma bambo, kuseri kwa mpanda wa fakitale kuli mitengo ya maapulo, yachita maluwa. Zaka zonsezi ndimadutsa pano osadziwa."

Tinaima pomwepo, mapewa akuwawa, mpaka iwo eni anati tiyeni.

Mpandowo sitinauphwanye. A Keziah ankakhalapo pawindo mpaka chisanu cha chaka chomwecho chinawatenga. A Enoch sanakhomenso wina. Bwana Penrick atatumiza munthu kudzawauza kuti ausunge bwino wa a Keziah uja poyembekezera chisankho chotsatira, a Enoch anamubweza mwaulemu kuti pali wokhalapo kale.