Makina a Yusufu ndi Nduna ya ku China

Mboni zanga ndi ziwiri ndipo zonse zili moyo: a Twaibu, omwe timagona chipinda chimodzi ku Point, kuno kudziko la eni, ndi bwana wanga wachitchaina, mwini sitolo yomwe ndimanyamulako makatoni. Wokayika akawafunse. Ine chibadwire sindinanamepo.

Lolemba ndinapeza bwana ali maso tong'o pa TV, mpunga ukuzizira. Kwawo asankha nduna yaikulu yatsopano, bambo wamagalasi. Akuti ali mnyamata boma linamutumiza kumudzi kukalima, kenako anaphunzira zamalamulo ndi zachuma mpaka mabuku anayamba kumuthawa. Atapatsidwa chigawo choti alamulire, manambala omwe am'maofesi ankamubweretsera sankawakhulupirira. Iye ankaona magetsi omwe akutha, katundu yemwe sitima zikunyamula, ndi ngongole zomwe mabanki akupereka. Munthu anganame, koma sitima yopanda kanthu imamveka kulira kwake.

Ndinaseka mpaka katoni kugwa. Kusekako kunatha masana omwewo, Yusufu ataflasha.

Yusufu ndi mng'ono wanga, telala ku Mangochi, mkazi mmodzi, ana awiri. Nditamuimbira anandiuza kuti wapeza wogula makina ake osokera, adzatenga Loweruka, ndalamayo ikhale thiransipoti yobwerera kuno. Chamukopa ndi chithunzi chomwe ndinatumiza nditatsamira galimoto yoyera kunyanja. Galimotoyo ndi yanga monga momwe nyanjayo ilili yanga.

Musandiyang'ane choncho. Ndani wa inu sanatsamireko galimoto ya mwini? Tonse a kuno ndife am'maofesi aja, timatumiza kumudzi manambala ophika. Munthu akugona m'kachisakasa kodontha ku Cato Manor, koma akafunsidwa amati zili sharp. Foni ikalira mu tekisi timayankha m'chinenero cha eni dziko kuti yebo n'kudula, kuopa kuti Chichewa chingatigulitse. Zimenezo m'chithunzi sizituluka.

Ndinamuuza Yusufu zoona zokhazokha: kuti timagona asanu, kuti potembenuka timachita kupangana.

"Achimwene, inu mukungofuna muzidya nokha," anatero.

Ndinalumbira. Anandikumbutsa kuti ndinalumbiranso za khoswe wa ku Point yemwe anakwera ndi nsapato yanga mpaka nsanjika yachitatu. Komatu anakweradi, a Twaibu anamuona akupumira pa masitepe.

Masiku atatu sindinakhale pansi. Kuntchito ndinkanyamula katoni n'kuibweza pomwe ndaitenga. A Twaibu akuti ndayenda m'chipindamo mtunda wokwana kukafika ku Mwanza, ndipo sindikutsutsa. Makinawo akapita, ana aja adzadya chiyani? Chithunzi?

Lachinayi ndinakumbukira bambo wamagalasi. Ndinamuuza Yusufu kuti ine asandikhulupirire, akaone sitima. Apite kwa transipota yemwe amatinyamulira katundu akafunse kulemera kwa chikwama chomwe ndinatumiza komaliza. Afunse amayi kuti denga lomwe ndinalonjeza lafika malata angati. Awerengenso mphindi zomwe ndimakhala pa foni ndisananene kuti netiweki ikuvuta.

Bambo uja anafika pampando waukulu chifukwa anaphunzira, inde, koma ine ndikuona kuti chachikulu n'chakuti anadziwa msanga kuti wotumiza lipoti amafuna kuoneka bwino. Ife abale athu akugulitsa mbuzi, njinga, minda, potsatira lipoti lathu. Akadzafika pa Point n'kuona chipindacho, tidzati anawanamiza ndani?

Dzulo Lachisanu foni inalira. Sinali flashi, inalira mpaka ndinayankha. Yusufu anati transipota wamuuza kuti chikwama changa anachinyamula ndi chala chimodzi, ndipo amayi akuti malata afika awiri, limodzi lobooka. Wogula makina wamubweza.

Ndinapuma koyamba sabata yonse. Kenako Yusufu anatsitsa mawu ngati munthu wodzazonda matenda.

"Achimwene, musachite manyazi. Mwezi uno tikutumizireni chiyani?"